Mwayi Umodzi pa Chikwi

Mutu 5

1. Chenjezo la a Geresomo

Maliro a Pius analibe mtembo. Amuna a m'mudzimo, kwa Mlolo, anasakasaka m'bango ndi m'namasupuni masiku atatu, koma chomwe anapeza ndi chipewa chake chokha chikuyandama pafupi ndi dooko. Amene anabwera ndi uthenga anali malume ake, a Fumbani. Awa ndiwo anali naye m'bwato m'mawa umenewo, ndipo anati ng'ona inamukhwatula akuvuula ukonde.

Ireen, mlongo wake wa Pius, mtsikana wa Fomu 3, analira mpaka mawu kusasa. Bambo ake, a Tomasi, sanagwetse msozi. Iwo ankangokhala pakhonde n'kumanola chikwanje, tsiku ndi tsiku.

Pius anali munthu wachitatu kusowa padooko limenelo chaka chomwecho. Ndiye mukudziwa mmene tilili anthufe, imfa sitilola kuti ibwere yokha. Posakhalitsa anthu anakumbukira mawu a a Geresomo, msodzi wokalamba wokhala yekha kumapeto kwa mudzi, munthu wa pakamwa posapsatira. Masabata awiri Pius asanasowe, nkhalambayi inaima padooko n'kudzudzula anyamata pamaso pa aliyense.

"Ana inu, ndimvereni," anatero tsiku limenelo. "Ng'ona si mvula yoti imangogwa paliponse. Ng'ona imakumbukira. Mukamatumbulira nsomba za makakana pano n'kumataya matumbo m'madzi, mukuiitana. Lero idya matumbo, mawa ibweranso nthawi yomweyo. Mkuja ipeza mbuzi ikumwa madzi. Ikalawa mbuzi, chotsatira ndi mwendo wa munthu, ndipo ikatenga mmodzi sichoka, pakuti yadziwa pomwe pali nkhokwe yake. Makolo athu ankatumbulira nsomba kumtunda, matumbo n'kukwirira. Dooko likalawa magazi ankalisiya n'kukatsegula lina. Inu mukuti kumtunda n'kutali. Chabwino, pitirizani. Mwezi uno usanathe mulira pano."

Anyamata anaseka, Pius nayenso anaseka. Koma tsopano panalibe woseka.

"Anadziwa bwanji?" anthu ankanong'onezana pamjigo. "Ng'ona zimenezi n'zoweta. Mwini wake ndi yemwe uja."

2. Mabango khumi

Loweruka m'mawa a Fumbani anaolotsa sing'anga wina dzina lake Zuze, wochokera tsidya la mtsinje. Mudzi wonse unasonkhana pansi pa mtengo wa masawu, dzuwa likuswa mtengo ngakhale kunali kusanafike masana.

Mabanja owedza padookolo analipo khumi. A Fumbani anadula tizidutswa ta bango khumi, totalika ngati chala, n'kupatsa mutu wa banja lililonse kake kuti alembepo chizindikiro ndi mpeni. A Tomasi anajambula mbedza. A Geresomo anabwera okha, osaitanidwa kawiri, n'kujambula mtanda.

"Ine ndine wa mpingo, zoombezazi sindizikhulupirira," anatero. "Koma ndikakhala kunyumba muti ndathawa."

Zuze anaika mabango onse m'chipanda, anadzimanga nsalu yakuda kumaso, nakhutchumula chipandacho uku akuimba za kwawo. Kenaka anapisamo dzanja. Bango lomwe anatulutsa linali la mtanda.

Gulu linang'ung'udza. A Geresomo anaseka. "Pa khumi, limodzi liyenera kutuluka basi. Chodabwitsa n'chiyani?"

"Tilidyetse kuti mizimu ilione bwino," anatero Zuze. Anatsegula nsupa ya m'khosi mwake, napaka bangolo mankhwala akuda, n'kulibwezera m'chipanda. Anakhutchumula, napisa dzanja. Mtanda! Analipakanso, nalibwezera. Kachitatu, mtanda womwewo.

"Katatu konse!" anafuula a Fumbani. "Mukufunanso umboni wanji?"

Komabe ena anali kukayika. Mayi wina wachikulire anafunsa chapansipansi, "Kodi sizingangochitika mwangozi zimenezi?"

Apo ndi pomwe a Tomasi anatembenukira kwa mwana wawo. "Iwe wa kusukulu, amati pa masamu palibe wokuposa. Tawauza anthuwa. Zingachitike mwangozi?"

Ireen anali atangophunzira masamu a mwayi teremu yomweyo, ndipo pa mayeso anakhoza kuposa anyamata onse. Mumtima mwake munali mkwiyo wa imfa ya mlongo wake, komanso, tisabise, kamatama pang'ono. Kunali koyamba kuti bambo ake amufunse nzeru pagulu. Anagwada, nalemba ndi chala pamchenga.

"Mabango alipo khumi," anatero mokweza. "Mwayi woti la a Geresomo lituluke ndi umodzi pa khumi. Labwezeredwa, ndiye kachiwiri ndi umodzinso pa khumi, kachitatu chimodzimodzi. Tikachulukitsa, khumi kuchulukitsa ndi khumi kuchulukitsanso ndi khumi, ndi chikwi. Mwayi woti zichitike mwangozi ndi umodzi pa chikwi."

Ha, mwana iwe, bwenzi utaluma lilime!

"Mwamva?" anabangula a Tomasi. "Mizimu yanena, sukulu yavomera!"

3. Nkhafi ndi miyala

Woyamba kumenya anali a Fumbani. Nkhafi yopalasira bwato inatera pamsana pa nkhalambayo, phwa! A Geresomo anagwa chafufumimba, ndipo gulu lonse linawakhamukira ngati madzi a Shire akaswa gombe.

Abale inu, munthu ndi woopsa. Amayi omwe a Geresomo anawapulumutsa ndi bwato lawo pa madzi osefukira a chaka chatha ndiwo anayamba kutola miyala. Anyamata omwe anawaphunzitsa kusoka ukonde ndiwo ankawaponda m'nthiti. Mwala wina unawang'amba pamwamba pa diso, magazi n'kuphimba nkhope yonse. Anakweza mkono kuti atchinge nkhafi yachiwiri, mkonowo unathyoka anthu onse akumva.

"Ndalakwanji, ana anga?" analira. "Ndinangokuchenjezani!"

Anyamata anayi anathamangira kumapeto kwa mudzi, ndipo posakhalitsa utsi wakuda unakwera kuchokera padenga la udzu la a Geresomo. Mbuzi zawo ziwiri anazitema miyendo n'kuzisiya zikulira pabwalo.

"Akadyedwe ndi ziweto zake zomwe!" anafuula a Fumbani. "Kudooko naye!"

Anawamanga manja ndi miyendo ndi chingwe cha ukonde, n'kuyamba kuwakhwekhwereza pansi kulowera kumtsinje. A Tomasi anali patsogolo, chikwanje chili m'manja. Ndipo gulu linapeza nyimbo yake, nyimbo ya mawu amodzi okha.

"Chikwi! Chikwi! Chikwi!"

Ireen anaima pomwe analemba samu yake paja. Iye ankafuna chilungamo cha Pius, inde, koma izi sanaziyembekezere. Mawu omwe ankaimbidwawo anali ake.

Pa chipwirikiticho wina anaponda chipanda cha Zuze, chinasweka, mabango n'kumwazika. Limodzi linagwera paphazi pa Ireen.

4. Funso loyamba

Anawerama, nalitola. Linali la mtanda. Pofuna kulitaya, linakanirira kuchala. Mankhwala aja anali omata, mafuta a nsatsi osakaniza ndi phula. Anatola lina, louma gwa. Anatola lachitatu, loumanso. Anatseka maso, nasakaniza atatuwo m'dzanja, ndipo chala chake chinapita chokha pa lomata lija.

Anakumbukira mayi Semba, mphunzitsi wake wa masamu, ataima kutsogolo kwa kalasi ndi chitini cha nyemba.

"Ana inu, kuchulukitsa n'kosavuta, wa Sitandade 4 yemwe amachulukitsa," ankatero mayiwo. "Chovuta ndi funso loyamba. Musanagwire cholembera, funsani kuti, kodi chomwe chachitika poyamba chasintha chomwe chikubwera? Ndikaponya dayisi kawiri, kuponya kwachiwiri sikudziwa zomwe zinachitika koyamba. Zimenezo ndi zochitika zosadalirana, mwayi umakhala womwewo ulendo uliwonse. Koma m'chitini muno muli nyemba khumi. Ndikatulutsa imodzi n'kuiika m'thumba, zatsala zisanu ndi zinayi, mwayi wasintha. Zimenezo ndi zodalirana. Ndipo musapusitsidwe ndi mawu akuti yabwezeredwa. Kubwezera kokha sikukwanira, iyenera kubwerera mmene inatulukira. Wosokoneza ziwirizi m'kalasi muno amangotaya malikisi awiri. Kunjako amanamiza anthu, ndipo bodza lovala nambala ndi lovuta kulivula."

Funso limenelo Ireen sanafunse. Anangothamangira kuchulukitsa.

Anayamba kutolera mabango onse mofulumira, n'kumawaika m'chitenje. Dzanja linamugwira paphewa. Anali amayi ake, a Emelia.

"Ndakuona, Ireen. Taya zimenezo," anatero monong'ona. "Gulu likalawa magazi silimva masamu. Ndili mtsikana kwathu ndinaona mayi wina akuimira mchimwene wake pa mlandu ngati womwewu. Anamufunsa kuti, ukumuikira kumbuyo chifukwa chiyani, kapena mumadyera limodzi? Dzuwa lisanalowe tinaika maliro awiri. Bambo ako lero si bambo ako, ndi munthu wofedwa wonyamula chikwanje. Ine ndaika kale chipewa m'manda m'malo mwa mwana. Ukufuna ndiikenso chiyani? Nkhalamba ija yadya zaka zake. Iwe uli ndi mayeso chaka chamawa. Khala chete, mwananga, tiye kunyumba."

Ireen anayang'ana amayi ake, nayang'ana fumbi lomwe linkatsikira kudooko.

"Amayi, nambala ija ndatchula ndine," anatero. Anapulumuka m'manja mwawo, liwiro mtondo wadooka.

5. Bango la mbedza

Anawapeza atafika kale m'mphepete mwa madzi. Amuna awiri anali atanyamula a Geresomo, wina kumutu wina kumiyendo, akufuna kuwaponya m'bwato kuti akawataye pakati pa mtsinje. Ireen anadzipanikiza pakati pa anthu, nadziponya pathupi la nkhalambayo, onse awiri n'kugwera m'matope.

Nkhafi yomwe inali kale m'mwamba inatera paphewa pake. Mwala unamupeza pakhutu. Anamva kutentha, kenaka magazi akutsikira m'khosi.

"Lekani! Ameneyo ndi mwana wanga!" anakuwa a Tomasi, akukankha anthu ndi msana wa chikwanje. "Ireen, wapenga? Choka pamenepo!"

"Ndinalakwitsa samu, bambo!"

Ena anaseka mwachipongwe. "Tamumveni! Munthu wamwalira, iye akuti samu!"

"Ndinalakwitsa!" anakuwanso Ireen, ataima chogwada, mikono itatambasukira pa a Geresomo. "Chikwi chija n'chabodza. Ndipatseni bango la munthu wina aliyense, ndi mankhwala omwe aja. Mundimange kumaso. Ndikalephera kulitulutsa katatu, ndichoka ndekha pano."

"Nkhabe! Ayi!" analumpha Zuze, atagwira nsupa yake ndi manja awiri. "Mkazi sagwira za mizimu!"

"Mwanayu wadyetsedwa," anawonjezera a Fumbani. "Mlamu, musamumvere."

A Tomasi anayang'ana magazi omwe anali pakhosi pa mwana wawo. Kenaka anayang'ana sing'angayo, amene thukuta linali kamukamu. Anatambasula dzanja, nadula chingwe cha nsupa ndi kukoka kumodzi.

"Tenga langa lomwe," anauza Ireen. "La mbedza. Ukandichititsa manyazi pano, usadzapondenso pakhomo panga."

Ireen anakhuthulira mabango m'chigubu chodula chokapira madzi m'bwato. La mtanda analisiya m'thumba la siketi, poti linali lopakidwa kale. Anapaka la mbedza mankhwala akuda aja anthu onse akuona, naliponya pakati pa anzake. A Tomasi anavula malaya awo, namumanga nawo kumaso okha, mfundo ziwiri. Anakhutchumulanso okha chigubucho.

Ireen anapisa dzanja. Mbedza.

Analibwezera, bambo ake n'kukhutchumula mwaukali. Mbedza. Kachitatu, mbedza. Sanalekere pomwepo. Kachinayi, kachisanu, mbedza yokhayokha.

Munkangomva madzi akugunda m'mbali mwa bwato ndi kubuula kwa a Geresomo.

Ireen anamasula malaya aja, nakweza bangolo m'mwamba.

"Bambo, latuluka kasanu. Kodi Pius munapha ndinu?"

A Tomasi anaika chigubu chija pansi.

"Bango likapakidwa silifanananso ndi anzake," anatero Ireen, akulira tsopano. "Chala chimalidziwa ngakhale maso atamangidwa. Kutuluka koyamba kunasintha kwachiwiri ndi kwachitatu. Mwayi sunalinso umodzi pa khumi, unali khumi pa khumi. Ine ndinawerenga ngati maulendo atatuwo sakudalirana, chonsecho akudalirana. Koyamba kokha ndiko kunali maere. Kwinako zinali zala za a Zuze."

Anthu anatembenuka kuti amuone sing'angayo, koma mwini wake anali atalowa kale m'bango. "Mgwireni wakubayo!" anakuwa a Fumbani, mokweza kuposa wina aliyense, natsogolera anyamata kumuthamangitsa. Chodabwitsa n'chakuti anawatsogolera kumtunda kwa mtsinje, chonsecho bwato la Zuze linali kumunsi.

A Tomasi anagwada m'matope. Chikwanje chomwe ananola masiku onse aja anadulira chingwe cha m'manja mwa a Geresomo. Miyala yomwe inali m'manja mwa anthu inayamba kugwa pansi, umodziumodzi, aliyense akuyang'ana kumbali.

6. Mfundo

Anawakweza pangolo ya ng'ombe kuti apite nawo kuchipatala cha mishoni. Mkono unali lende, diso lakumanzere litatupa moti silinkaoneka, ndipo diso limenelo silinadzaonenso. Kumapeto kwa mudzi kunali kutatsala phulusa ndi mitengo yopserera.

Ngolo isananyamuke, a Geresomo anakodola Ireen ndi dzanja lomwe linali lamoyo. Mtsikanayo anagwada pafupi, osatha kuwayang'ana kumaso.

"Mwana wa Tomasi," anatero movutikira, "chikwi chako chija ndachiwerenga ndi nthiti zangazi."

"Pepani, agogo. Ndikhululukireni."

"Takhuta, zikomo, wandibweza pakamwa pa ng'ona. Koma imva izi. Anthu awa pomwe ankakayika, miyala inali pansi. Anaitola iwe utalankhula. Sakanamvera Zuze yekha, amadziwa kuti sing'anga amadya ndi pakamwa pake. Anamvera iwe, chifukwa amati mwana wa sukulu sanama. Tsono ukadziwa kuti anthu amakukhulupirira, usamafulumire kuyankha. Madzi akatayika saoleka. Wabweza moyo wanga, koma diso ili ndi nyumba ija subweza."

Ngolo inanyamuka, a Tomasi akuyenda pambali pake opanda malaya, mutu uli pansi.

Dzuwa litapendeka, Ireen anapita pamjigo kukatsuka bala la pakhutu. Popisa m'thumba anapeza bango la mtanda lija. Analitsuka ndi sopo ndi mchenga mpaka mankhwala onse anachoka. Apo chala chake chinakhumudwa pa kanthu kena. Pakati penipeni pa bangolo panali mfundo, yotukuka bwino lomwe.

Anamasula chitenje chomwe anakulungamo mabango ena asanu ndi anayi aja pochoka kudooko, nawayala pasimenti. Anawasisita limodzilimodzi. Onse anali osalala, odulidwa pakati pa mfundo ndi mfundo. La a Geresomo lokha ndilo linali ndi mfundo.

Ndiye kuti ngakhale koyamba kuja sikunali maere. Zala za Zuze zinkadziwa chofuna asanapake mankhwala n'komwe. Nanga anadula mabangowo ndani? Anasankha loti apatse a Geresomo ndani? Munthu wake anali mmodzi, yemweyo amene anaolotsa sing'anga, yemweyo amene anayamba kumenya. Ndipo m'mudzi monse, ndi iye yekha amene anaona ng'ona ikutenga Pius.

Chithunzithunzi cha munthu chinagwera pa mabangowo. Ireen anadzutsa mutu. A Fumbani anali ataima kuseri kwa mjigo, nkhafi ili paphewa, magazi a a Geresomo ataumira kunsonga kwake.

"Mwana wa mlongo wanga, wagwira ntchito lero," anatero akumwetulira, dzanja atatambasula. "Tandipatsa mabangowo ndikawataye kumtsinje."

Ireen anayang'ana uku ndi uku. Pamjigo panalibe munthu wina. Anafumbata bango la mfundo lija, nabisa dzanja kumbuyo.